Atate ake Sidzina

Mukafika ku Chawama, komboni ya mu Lusaka, n'kufunsa kuti kodi Sydney amakhala pati, anthu adzangoyang'anizana. Koma mungoyerekeza kunena kuti "atate ake Sidzina," ngakhale kamwana kamamina kadzakugwirani dzanja mpaka kukufikitsani pakhomo panga, kakuseka njira yonse. Dzina limeneli sanandipatse ndi adani ayi. Ndinalipanga ndekha ndi manja angawa, usiku, pa kandulo, ndipo ndinawonongerapo ndalama zoti zikanagula matumba angapo a ufa.

Ine kwathu ndi ku Katete, kufupi ndi ku Mkaika kumene Achewa a ku Zambia, Malawi ndi Mozambique amasonkhana mwezi wa August pa mwambo wa Kulamba. Kwathuko dzina la mwana si duwa loika patebulo. Dzina ndi kalata. Munthu akakhala ndi mawu amene akulephera kuwatula pabwalo, amadikira mwana abadwe n'kuwamangirira pa iyeyo. Amalume aakulu ndi a Mabvuto, anabadwa chaka chimene ngakhale makoswe anasamuka m'nkhokwe. Azakhali ndi a Misozi, anabadwa patangopita maliro awiri otsatizana. Ndili ndi msuweni Tidyenji, ndili ndi wina Nditani. Koma katswiri pa zolemba makalatazi anali ambuya anga. Iwo anali pamitala, ndipo ndi mkazi mnzawo sankamwerana madzi. Atabereka mwana wamkazi anamutcha Mwandida. Madzulo aliwonse ankaima pakhomo, nkhope italoza kunyumba ya mkazi mnzawo uja, n'kumakuwa kuti, "Mwandidaaa! Mwandida iwe!" pamene mwanayo ali pamapazi pawo pomwepo akuswa mtedza.

Ine ndinakula ndikudana nazo zimenezi. Ndinalumbira kuti wanga mwana sadzasenza milandu ya anthu ena. Koma nakonso kuno ku Lusaka kuli matenda ake. Pitani kusikelo mukaone: namwino akaitana kuti "amake Blessing," amadzuka azimayi asanu, wachisanu ndi chimodzi n'kufunsa kuti akunena Blessing wamwamuna kapena wamkazi. Gift, Precious, Favour, Emmanuel, mayina ogawana ngati mpopi wa pakomboni. Ena amangotola zimene zamveka pawailesi. Timu yathu ya mpira ya Chipolopolo itatenga chikho cha Africa ku Libreville mu 2012, mumzere wathu wokha munabadwa Renard mmodzi, dzina la mphunzitsi wa timuyo, ndi Sunzu mmodzi, dzina la wosewera wake, ndipo Sunzuyo ndi mtsikana.

Tsono mkazi wanga Rozina, Nabanda wa ku Chadiza, atakhala ndi pakati mu 2024, ndinati mwana uyu adzakhala ndi dzina lakelake, loti akaitanidwa pagulu adzidzuka yekha. Ntchito yanganso inandinyenga. Ndimagwira m'kashopu kosindikiza zinthu kutauni, cha ku Freedom Way: makadi a ukwati, zidindo, masikipa a maliro. Zaka zonsezi ndakhala ndikuona kuti dzina likakhala ndi y pakati ndi h kumapeto, mwini wake sanenerera mtengo. Amangolipira.

Chinali chaka chija mvula inakana, madzi n'kuchepa ku Kariba. Malaiti ankabwera ngati mkamwini wamanyazi, pakati pa usiku, n'kuchoka tambala asanalire. Usiku wina ndinayatsa kandulo, ndinatenga kalendala yakale n'kuitembenuza, foni itatsala ndi mapelesenti 9, n'kulowa pa intaneti kukasaka dzina. Zimene ndinapeza kumeneko zinandilimbitsa mtima, ndipo zimenezo n'zoona, musandiseke nazo. Dzina loti Vanessa, limene lero lili m'kalasi iliyonse, linachita kupangidwa ndi munthu. Analipanga ndi mlembi wa ku Ireland, Jonathan Swift, cha kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1700. Panali mtsikana wina dzina lake Esther Vanhomrigh. Iye anadula Van ku dzina lachiwirilo n'kulumikiza ndi Essa, kochokera ku Esther, basi Vanessa wabadwa. Ndinapezanso kuti ku America, kuyambira cha m'ma 2000, anthu ambiri akhala akutcha ana awo aakazi Nevaeh, lomwe ndi liwu la Chingerezi lija heaven, kumwamba, koma lolembedwa chobwerera.

Ndinati, ngati Azungu amachita kusoka mayina ngati telala, ine chingandiletse n'chiyani?

Ndinayamba ndi njira ya chobwerera. Kumwamba kunatuluka Abmawmuk, lomveka ngati munthu watsamwa ndi mbatata. Chikondi chinatuluka Idnokihc. Ndinazisiya. Ndinalowa njira ya Swift, yodula ndi kulumikiza, dzina langa ndi la mkazi wanga. Rosyd linamveka ngati mankhwala a makoswe. Neyroz linamveka ngati basi ya ku Nakonde. Kenako dzanja linalemba Syd, kuchokera ku Sydney, n'kuikapo zina, kuchokera ku Rozina.

Abale anga, apa ndi pamene ndikanaima n'kuwerenga mokweza kamodzi kokha. Kamodzi kokha! Koma m'nyumba munali munthu wodwala pakati ali m'tulo, ndipo m'mutu mwanga usiku umenewo munkalankhula Mzungu. Ndinathamangira kulikongoletsa. S ndinamuchotsa n'kuikapo C. Pamene panali i ndinaikapo y. Kumapeto ndinapachikako h, ngati mchira wa nkhanga. Linatuluka Cydzynah, ndipo m'makutu a mumtima ndinkalimva kuti "Sidzaina," ngati mmene Azungu amatchulira China. Ndinalilemba pa intaneti kuti ndione ngati alipo wina wandiyambirira. Sipanatuluke kanthu. Dziko lonse lapansi, kuyambira ku Chawama mpaka ku Japan, kunalibe Cydzynah. Ndinamva ngati ndatola chikwama pamsewu popanda wondiona.

Ndinamugwedeza Nabanda.

"A Phiri, ndi 2 koloko ya usiku ino."

"Ndalipeza dzina. Sidzaina."

Anakhala chete, maso ali chitsinzinire. "Limatanthauza chiyani?"

Funso limeneli sindinalikonzekere. Swift uja sanandiuze kuti dzina ukalisoka umasokanso tanthauzo. Ndinayang'ana uku ndi uku, ndinaona kandulo.

"Kuwala," ndinatero. "Kuwala kwa m'bandakucha. Ndi Chigiriki."

"Chabwino. Zimitsani kandulo, yatsala imodzi."

Ine mawu akuti chabwino ndinawatenga ngati chidindo cha boma.

Bodza lili ngati nsikidzi, silikhala lokha pamphasa. Abwana kuntchito atafunsa, Chigiriki chija ndinali nditachiiwala, ndinati ndi Chiheberi, mphatso ya mfumu. A landilodi ndinawauza kuti ndi Chifalansa, mwana wamtengo wapatali, poganiza kuti mwina adzayamba kundilemekeza pa nkhani ya lendi. Alamu anga, mchimwene wa Nabanda, ndinawauza kuti linali dzina la mfumukazi yakale ya ku Iguputo. Pa Facebook ndinabwerera ku Chigiriki, ndinalemba bwinobwino ndi kachithunzi ka dzuwa likutuluka. Anthu 60 anaikapo chala. Palibe ndi mmodzi yemwe amene analitchula ndi pakamwa.

Panali chopinga chimodzi. M'banja mwathu mwana woyamba amatchedwa dzina ndi akuchimuna, ndipo udindowu unali wa azakhali a Misozi. Ndinawaimbira foni, ndinawanyengerera, ndinawatumizira kandalama ka sopo pafoni. Anapumira m'mwamba n'kunena kuti, "Masiku ano ana mumadziwa zonse. Mutche wekha. Bola likhale dzina."

Bola likhale dzina. Mawu amenewa amandidzutsabe usiku.

Mwana anabadwa Lachiwiri, wamkazi, wathanzi, mphuno yanga yeniyeni. Mphunoyi muikumbukire. Polemba khadi, namwino anafunsa ngati dzina tili nalo kale kapena tidzabweretsa. Wanzeru akanati tidzabweretsa, poti kwathu mwana satchedwa dzina mchombo usanagwe. Ine ndinasolola pepala m'thumba. Namwinoyo anayang'ana pepala, anayang'ana ine, anayang'ananso pepala, kenako anandipatsa bolopeni kuti ndilembe ndekha.

Apongozi anali atafika kale kudzathandiza mwana wawo m'chikuta. Amayi ndi azakhali ndinakawachingamira ku siteshoni ya mabasi ya Intercity patapita masiku anayi. Anayenda makilomita pafupifupi 500 pa Great East Road, ndipo anatsika ndi nthochi za ku Nyimba, nsomba zouma za pa mlatho wa Luangwa, nsinjiro m'chigoba, ndi tambala wamoyo m'katoni, mutu uli kunja ngati nayenso analipira mpando. Amayi atangondiona anakuwa, "Sidini, nyamula katoniyo!" Zaka 31 akhala akunditcha Sidini. Dzina langa lenileni sanalitchulepo molondola ndi tsiku limodzi lomwe, ndipo ngakhale zimenezi sizinandichenjeze.

Mchombo unagwa, tsiku lotulutsa mwana linaikidwa Loweruka. Ine sindinagone. Ndinasindikiza chinsalu cha mamita awiri, zilembo zagolide. Ndinasindikiza masikipa 20, kutsogolo dzina, kumbuyo chithunzi cha kaphazi. Ndinagula keke yolembedwa dzina lomwelo. Chinsalucho ndinachipachika pakhoma n'kuchiphimba ndi chitenje, masikipa ndinawabisa m'chikwama kuti ndigawe dzina likangotuluka.

Anthu anadzaza pabwalo. Panali alamu, panali azimayi a kumpingo, panali abusa ena opuma amene timakhala nawo mzere umodzi, a landilodi atakhala pampando wawo wokhawokha, ndi neba wanga Mubemba wa ku Kasama. Amene mumadziwa chimbuya cha pakati pa ife a kum'mawa ndi Abemba mukudziwa kale kuti munthu ameneyu sanabwere kudzandithandiza. Iye amati ife timadya mbewa, ife timati iwo amadya anyani, ndipo palibe amene amakwiya.

Azakhali anamunyamula mwana, anamuyang'ana kumaso, n'kunena kuti, "Ine udindo wanga ndinaupereka kwa mwini mwana. Anene yekha."

Ndinaimirira. Ndinakumbukira Zakariya wa m'buku la Luka, amene abale atakana dzina la Yohane ponena kuti m'banjamo mulibe wa dzina limenelo, iye sanalankhule, anangolemba. Inenso sindinalankhule. Ndinakoka chitenje chija, zilembo zagolide n'kung'anima padzuwa.

Panali zii. Kunamveka tambala yekha m'katoni.

Amayi anatsinzinira diso limodzi. Magalasi anali atawaiwala ku Katete. Anakodola kamnyamata ka alamu, ka giredi 3. "Tawerenga apo, iwe wa kusukulu."

Tsono pali chinthu chimene ndinachiiwala. M'masukulu a kuno ku Zambia, Chinyanja chimalembedwa ndi c yekha pamene anzathu a ku Malawi amalemba ch. M'mabuku a ana mumalembedwa Cinyanja, cimanga, cikondi. Kamnyamatako kanaima njo, manja kumbuyo, n'kuwerenga monga anakaphunzitsira aphunzitsi.

"Chi... dzi... na. Chidzina!"

Azimayi a kumpingo anagwira pakamwa. Wina kumbuyo anati, "Inde, n'chidzinadi chimenechi."

Ndinalumpha. "Ayi, ayi! C ameneyo ndi wa Chingerezi. Amamveka ngati S."

Dzenje limenelo ndinakumba ndekha, fosholo ndinagula ndekha. Kamnyamatako kanayang'ananso chinsalu, kanagwedeza mutu ngati kamvetsa.

"Oo. Sidzina."

"Wati chiyani?" anafunsa amayi.

"Sidzina, ambuya."

"Ee, nanenso ndaona kuti si dzina. Ine ndikufunsa dzina la mwana."

"Ndi lomwelo, ambuya. Sidzina."

"Nanga ngati si dzina, alilemberanji pansalu?"

Pamenepo m'pamene ndinalimva koyamba ndi makutu a Mchewa. Thukuta linatsika kuchokera m'khosi mpaka m'masokosi. Ndinayesa kupulumutsa zotsala.

"Amayi, satero. Amati Sidzaina."

"Sidza chiyani?"

"Sidzaina."

"Iwe Sidini, lilime langa lakalamba, silingayambe lero kukwera mitengo. Mwanayu wawerenga bwino. Dzina ulibe, ungonena."

Neba wanga Mubemba anali atagwa kale pampando. Ankagubuduka m'fumbi, misozi ili mbwembwembwe, akumenya pansi ndi chikhatho. "Mwe bantu! Nenze kukuuzani ine, mbeba zikachuluka zimakwela ku mutu!" Azakhali anangondiyang'ana n'kunena motsitsa, "Ndinati bola likhale dzina." Anthu anaseka mpaka ena kugwira nthiti, ndipo ine, pofuna kusintha nkhani, ndinachita chopusa china: ndinagawa masikipa.

Zikanathera pa kuseka zikanakhala bwino. Koma panali munthu mmodzi amene sanaseke. Apongozi ananyamuka mwakachetechete, anazungulira kuseri kwa nyumba, anakhala pansi, anafunda chitenje kumutu. Patapita kanthawi tinamva kulira, kulira kwenikweni kwa pamaliro.

Mukumbukire kuti iwo ndi a ku Chadiza, anthu odziwa kuwerenga makalata. Kwa iwo panalibe zoti mkamwini walakwitsa sipelo. Dzina lililonse lili ndi amene akuuzidwa. Ndipo poti mkamwini ndi apongozi salankhulana maso ndi maso pa nkhani zolemera, uthenga unabwera kudzera mwa alamu, amene anandikokera pambali atavala kale sikipa yawo.

"Alamu, amayi akuti mufotokoze bwino. Si dzina la ndani?"

"Mukuti bwanji?"

"Akuti mwanena pagulu kuti mwanayu si dzina lanu. Ndiye kuti si magazi anu. Akuti ngati mukumukayikira mlongo wanga, mukanaitana ankhoswe mwaulemu, osati kusindikiza pamasikipa 20."

Ndinathamangira kukaloza mphuno ya mwana, koma nkhani inali itapita kale patali. Keke sinadulidwe. Lamlungu titaweruka kutchalitchi, ankhoswe anafika, wakuchikazi kuchokera ku Matero, wanga kuchokera ku Mtendere. Akuluakulu anakhala pamipando, azimayi pamphasa, ine anandipatsa kabokosi ka mabotolo. Abusa opuma aja anaitanidwa kuti akhale mboni, ndipo anabwera ndi mabuku awiri akuluakulu m'khwapa. A landilodi sanaitanidwe, koma zenera lawo linali lotsegula.

Ndinadziteteza ngati loya. Ndinati kulumikiza mayina si chinthu chachilendo. Dziko la Tanzania lomweli, kumene njanji ya Tazara imathera, dzina lake linapangidwa mu 1964 polumikiza Tanganyika ndi Zanzibar.

Nkhoswe yakuchikazi, mkulu wa imvi amene anagwirapo ntchito ya njanji, anandiyang'ana pamwamba pa magalasi. "A Phiri, a Nyerere ndi a Karume anakhala pansi, anagwirizana, anasainirana. Sanachite munthu mmodzi usiku pa kandulo."

Ndinatulutsa Vanessa. Ndinafotokoza za Swift ndi Esther, Van ndi Essa, zonse mwadongosolo.

"Swift ameneyu anamukwatira mtsikanayo?"

"Ayi, sanamukwatire."

"Ndiye inu, munthu wa pabanja, mukutengera nzeru kwa munthu wopanda ankhoswe?"

Nkhoswe yanga, imene ndinkayembekeza kuti indiwombola, inangoyang'ana kudenga ngati ikuwerenga malata.

Ndinayesa njira ina. Ndinati mayina achilendo sapha munthu. Dziko lino linalamulidwapo, kuyambira 2008 mpaka 2011, ndi a Rupiah Banda, dzina lomveka ngati ndalama, ndipo palibe anawaitanira ankhoswe. Anandiyankha kuti a Rupiah analinso ndi dzina lakuti Bwezani, loti ambuya awo akanatha kulitchula popanda kuluma lilime. Kenako anafunsa funso lija ndinkaliopa.

"Chabwino. Tanthauzo lake n'chiyani?"

"Kuwala kwa m'bandakucha. Ndi Chigiriki."

Alamu anatukula mutu. "Ine munandiuza kuti ndi mfumukazi ya ku Iguputo."

"Ine anati Chifalansa!" anatero mawu ochokera pazenera.

Abusa anatsokomola, anatsegula buku loyamba. Anati iwo Chigiriki anachiphunzira ku sukulu ya ubusa, ndipo kuwala m'Chigiriki ndi phos. Anati usiku wonse anafufuza m'buku la Chigiriki, atalephera anafufuzanso m'la Chiheberi, mwina mwana wathuyu wasokoneza zilankhulo, koma liwu limeneli sanalipeze. Analankhula mwachifundo, zimene zinandipweteka kuposa kuseka kwa Mubemba. Ndipo poti anali munthu wabwino, anafuna kundiponyera chingwe.

"Komabe, abale, tisamuweruze kwambiri. M'Malemba muli mayina oyamba ndi kukana. Mneneri Hoseya, chaputala choyamba, anatcha mwana wake Lo-Ami, kutanthauza kuti si anthu anga."

Chingwe chimenecho chinali ndi mwala kunsonga. Apongozi ndi mayi wa kumpingo, Baibulo amalidziwa ngati munda wawo. Anavundukula chitenje.

"Mwamva? Hoseya! Mkazi wa Hoseya anali ndani? Si Gomeri, mkazi woyendayenda uja? Mwana wanga ine wasanduka Gomeri?"

Kulira kunayambiranso, tsopano ndi mavesi. Abusa anatseka buku pang'onopang'ono n'kuliika pansi pa mpando.

Nthawi yonseyi Nabanda anali chete pakona, akuyamwitsa. Ananyamuka, anapatsira amayi mwana, analowa kuchipinda. Ndinati basi, akukalongedza. Anatuluka ndi kalendala yakale ija, imene ndinkaganiza kuti inayatsira mbaula kalekale. Anagwada, anaipereka kwa nkhoswe yakuchikazi ndi manja awiri.

Mkuluyo anaitembenuza, anayamba kuwerenga mokweza. "Ab... Abmaw... muk." Anandiyang'ana. "Idno... kihc. Rosyd. Neyroz." Mapewa ake anayamba kugwedezeka. Atafika pamene panalembedwa Syd ndi zina, pakati pali kamtanda kophatikiza, pambali pali madontho a kandulo, anavula magalasi n'kupukuta m'maso.

Nabanda anati, "Amalume, amayi, mwaona nokha. Uku ndi Sydney, uku ndi Rozina. Amuna angawa alibe chiwembu chilichonse. Ndi opusa chabe."

Chikwatirire sindinamvepo mawu okoma ngati amenewo. Ndinagwedeza mutu mwamphamvu kuvomereza. Nkhoswe yanga inatsitsa maso kuchoka kudenga n'kulankhula koyamba tsiku limenelo: "Zimenezo ifenso akuchimuna tikuchitira umboni."

Mlandu unagamulidwa. Ndipepese apongozi ndi nkhuku ndi chitenje chatsopano chifukwa chowaliritsa masiku awiri. Lamlungu madzulo nkhuku ndikanaipeza kuti? Amayi anati tambala uja alipo. Ndinathokoza. Anati K200. Ndinawakumbutsa kuti tambalayo anabwera naye ngati mphatso ya mdzukulu. Anati mphatsoyo inali ya mwana wokhala ndi dzina.

Azakhali anatenganso udindo wawo, koma ndalama ya sopo sanabweze. Anamunyamula mwana, anamuyang'ana nthawi yaitali, kenako anatembenuka n'kuyang'ana ine, m'maso mwenimweni.

"Dzina lake ndi Funsani."

Azimayi analulutira. Amayi anati ndi dzina lokoma kwambiri. Apongozi anaseka koyamba. Ine amene ndinalumbira kuti mwana wanga sadzanyamula kalata, ndinangoilandira ndi manja awiri, poti adiresi inali yanga.

Koma komboni ndi komboni, simaiwala. Masikipa aja anali atapita kale ndi eni ake. Ina ndinaiona pa Soweto Market itavalidwa ndi mnyamata wokankha wilibala. Chinsalu chagolide a landilodi anachipempha, lero chimatchinga mphepo pakhola lawo la nkhuku, moti aliyense wopita kuchimbudzi amayamba wawerenga. Kutchalitchi mwana ndi Funsani. Pakhomo ndi mumzere monse ndi Sidzina, ndipo mwiniwakeyo, amene wayamba kuyenda tsopano, ukati Funsani amapitiriza zake, ukati Sidzina amatembenuka n'kumwetulira. Neba wanga Mubemba m'mawa uliwonse amandipatsa moni kuti, "Mwauka bwanji, atate ake Palibe?" Kusikelo, khadi lija likafika pamwamba, namwino amakhala kaye chete, kenako amati, "Amake uyu wa ma y awiri." Ndipo ndinene pano, poti chilungamo n'chofunika: amadzuka mzimayi mmodzi yekha.

Mwezi wathawu ndinakwera minibasi pa City Market kubwerera kunyumba. Pambali panga panakhala mnyamata wina wovala bwino, atanyamula thumba la matewera ndi kabafa ka pulasitiki, nkhope ikuwala ngati walandira bonasi. Sindinamufunse kanthu, anayamba yekha. Mkazi wake wachira, mwana wamkazi, woyamba. Ndinamuyamikira, ndinafunsa kwawo. Anati ku Chipata, cha ku Kapata.

"Dzina mwatcha kale?"

"Ankolo, dzina ndapeza lapamwamba. Simunalimvepo." Anatulutsa foni, anatsegula chithunzi chimene anasunga. Dzuwa likutuluka. Zilembo ndinazidziwa ndisanaziwerenge, ngati mmene umadziwira mbuzi yako pamsika. Wina anakopera zimene ndinalemba pa Facebook paja, dzina langa n'kulidula, ndipo zakhala zikuyenda m'mafoni a anthu.

"Ndi Chigiriki," anatero. "Kuwala kwa m'bandakucha."

Kondakitala anagogoda padenga kuitanitsa ndalama. Ndinalipira yanga, ndinalipiranso ya mnyamatayo.

"Pakhadi mwalemba kale?"

"Dzulo. Ndinachita kulemba ndekha, anamwino linawavuta."

"Ambuya ake a mwana alimva?"

"Afika mawa ndi basi ya m'mawa. Onse awiri."

Tinali titafika pamene ndimatsikira. Ndinamugwira paphewa n'kumuuza kuti mawa popita ku Intercity adzere pa Soweto agulirethu nkhuku, poti kumeneko n'zotchipako.